Mafunso ndi mayankho: Kodi sukulu za boma zinatiumba bwanji kuti tikhale Amalawi?

Ndinagwira choko kwa zaka zambiri m'sukulu za pulayimale za m'boma la Lilongwe, kumudzi ndi m'tauni momwe. Ntchito ndinapuma, koma mafunso sanapume. Ena amabwera ndi ana a sekondale akapatsidwa ntchito ya Histole, ena ndi makolo anzanga tikamadikira msonkhano wa komiti ya sukulu, ena amabuka usiku pamaliro tikuwotha moto, nkhani za ndale ndi za feteleza zitatha. Pano ndasonkhanitsa okhawo amene amabwerabwera, ndipo ndayankha monga ndimayankhira tikakhala pamphasa.

Kodi sukulu m'dziko muno anayambitsa ndi boma?

Ayi, boma linafika nsima itapsa kale. Sukulu zinabwera ndi amishoni. A Livingstonia, mmodzi mwa iwo Dr Robert Laws, anafika ku Cape Maclear mu 1875, a Blantyre Mission anakhazikika mu 1876, a UMCA, amishoni a mpingo wa Anglican, anamanga pa chilumba cha Likoma mu 1885. Kuno m'chigawo chapakati kunafika a Dutch Reformed ochokera ku South Africa: anayamba pa Mvera ku Dowa mu 1889, n'kudzatsegula Nkhoma mu 1896. Akatolika a White Fathers anatsegula Mua mu 1902, ndipo posakhalitsa anali pa Likuni.

Ulamuliro wa Angerezi unayamba mu 1891, koma nthambi ya boma yoona za maphunziro inakhazikitsidwa mu 1926, nayonso mochita kukankhidwa, nthumwi za Phelps-Stokes, bungwe la ku America lounika maphunziro, zitayendera sukulu za kuno mu 1924. Sekondale yoyamba, Blantyre Secondary School, inatsegulidwa mu 1940, ya Akatolika ku Zomba mu 1942, ndipo yoyamba ya boma lenileni ku Dedza mu 1951. Werengani nokha: zaka pafupifupi 60 boma likutolera msonkho, osamanga sekondale yakeyake ngakhale imodzi. N'chifukwa chake mpaka lero mumapeza sukulu ya dzina la woyera mtima, kapena yogundana ndi tchalitchi cha CCAP, koma aphunzitsi ake akulandira ku boma. Malo ndi a mpingo, silabasi ndi ya Unduna.

Ndiye kuti mwana wa ku Nkhoma ndi wa ku Livingstonia ankaphunzira zofanana?

Kutalitali. Ndipo amene akufuna kumvetsa mikangano yathu ya maphunziro ayambire pomwepa. Mishoni iliyonse inali ndi silabasi yake, chilankhulo chake ndi cholinga chake. Ku Khondowe a Livingstonia anatsegula Overtoun Institution mu 1894, kumene mnyamata ankaphunzira Chingerezi chozama, masamu, uphunzitsi, ukalaliki, zomangamanga ndi zachipatala. Otuluka kumeneko ankalembedwa ntchito m'maofesi a boma ku Zomba, ku Rhodesia, mpaka ku Joni. A Dutch anasankha njira ina: tisukulu tambirimbiri ta m'midzi, tofolera ndi udzu, kumene munthu ankaphunzira kuwerenga Mawu a Mulungu m'chilankhulo chake, ulimi ndi ntchito zamanja. Chingerezi ankachipereka mouma manja, poopa kuti achinyamata akachidziwa athawira m'tauni n'kusiya mpingo ndi mudzi.

Njirayi inali ndi ubwino wake. Agogo athu ambiri osadziwa liwu limodzi la Chingerezi ankawerenga bwinobwino, n'kumalemberana makalata ndi amuna awo ali kumigodi. Buku Lopatulika, limene William Murray anatsogolera ntchito yolimasulira, linatuluka mu 1922 ndipo linalimbitsa kalembedwe ka chilankhulo chimene mukuwerengachi. Koma pamene ntchito za muofesi zinayamba kufuna satifiketi, chigawo chapakati chinapezeka chili m'mbuyo. Asilamu ambiri a ku Mangochi ndi Machinga anatsalira kwambiri, chifukwa kholo linkaona kuti kutumiza mwana ku sukulu ya mishoni n'kumupereka ku ubatizo.

Mwana wa nthawi imeneyo ankatuluka m'kalasi ali wa Nkhoma, wa Likuni kapena wa Livingstonia. Zodzitcha wa Nyasaland zinabwera pambuyo, ndipo anaziyambitsa ndi omwewo ophunzira ku mishoni, atakumana kuntchito n'kuona kuti chikwapu chowamenya n'chimodzi. John Chilembwe, amene anali ndi sukulu zake ku Chiradzulu, anaukira atsamunda mu 1915. Levi Mumba, wophunzira ku Livingstonia, ndiye anakhala pulezidenti woyamba wa Nyasaland African Congress mu 1944.

N'zoona kuti kuno ku Lilongwe gule wamkulu ankalimbana ndi sukulu?

N'zoona, ndipo mbali zonse ziwiri zinali ndi zifukwa. Amishoni ankati gule ndi chikunja, wolowa kudambwe asaponde m'kalasi ya ubatizo. Akuluakulu a dambwe ankaona kuti sukulu ikuwalanda anyamata amene mwambo unkayenera kuwalanga. Mnyamata ankakhala pakati ngati chingwe cha mpikisano. Sukulu itakhala ya boma, nkhondoyo inazirala pang'onopang'ono, chifukwa kulowa Sitandade 1 sikunatanthauzenso kusintha mpingo. Lero gule wamkulu ndi wolemekezeka mpaka ku UNESCO, kuyambira mu 2005, ndipo m'midzi ina mafumu amatulutsa zilombo m'mawa kuti zipirikitsire ana ojomba ku sukulu. Agogo anga akanauka n'kuona zimenezi akanati dziko latembenuka.

Nanga Kamuzu anasintha chiyani?

Anatenga sukulu zamitundumitundu zija n'kuziika pansi pa denga limodzi: Unduna umodzi, silabasi imodzi, mayeso amodzi. Yunivesite ya Malawi inayamba kuphunzitsa mu 1965, chaka chimodzi tilandirireni ufulu, ndipo koleji ya zaulimi ya Bunda kuno kwathu inabwera pasanapite nthawi yaitali.

Koma Umalawi wa nthawi imeneyo sunkaphunzitsidwa m'buku mokha. Unkalowa m'thupi. M'mawa belu likalira (nthawi zambiri linali limu ya galimoto yopachika pamtengo) tinkandanda pa asembule, mbendera n'kukwera, nyimbo ya fuko n'kuimbidwa manja ali m'mbali, kenako ngodya zinayi: umodzi, kukhulupirika, kumvera ndi kusunga mwambo. Apayoniya ankabwera kudzatiguguditsa pabwalo. Pa Sabata la Achinyamata tinkalambula misewu, kuumba njerwa, kukonzera nyumba nkhalamba za m'mudzi. Ngwazi ikamadutsa poyendera mbewu, makalasi ankatsekedwa, ana n'kukaima m'mbali mwa msewu dzuwa lili pamutu. Mwana wa ku Nsanje ndi wa ku Chitipa ankachita zomwezomwezo, tsiku lomwelo, asanaonanepo.

Anzanga ena amakumbukira nthawiyi ndi misozi ya chisangalalo, ati kunali mwambo, makope ankaperekedwa, oyendera sukulu ankafika mosayembekezeka n'kufunsa pulani ya phunziro. Sindikutsutsa. Koma ndimawakumbutsa ziwiri. Choyamba, kunali fizi, ndipo ana ambiri a kumudzi ankathera kubusa kapena kumunda wa fodya. Kalasi inkaoneka yadongosolo chifukwa osauka anali kunja. Chachiwiri, Histole yomwe tinkaphunzitsa inali ndi mabowo. Kanyama Chiume ndi Masauko Chipembere onse anakhalapo nduna za maphunziro, koma utabuka mkangano wa nduna mu 1964 maina awo anasanduka osatchulika, kupatula powanyoza kuti ndi zigawenga. Mphunzitsi ankadziwa pomwe phunziro liyenera kuthera, ndipo mwana wofunsitsa ankangouzidwa kuti akhale pansi.

Kodi Chichewa chinakhala bwanji chilankhulo cha m'sukulu zonse?

Pa msonkhano waukulu wa chipani cha MCP wa mu 1968 anagamula kuti Chinyanja chizitchedwa Chichewa, ndipo chikhale chilankhulo cha fuko pambali pa Chingerezi. Chitumbuka, chimene chinkagwiritsidwa ntchito m'sukulu za kumpoto ndi pa wailesi, chinachotsedwa. Mu 1972 kunakhazikitsidwa Chichewa Board yoyang'anira kalembedwe, ndipo Kamuzu mwiniwake ankakonda kukonza Chichewa cha anthu pamisonkhano, ngakhale kuti iye ankalankhula Chingerezi, wina n'kumamasulira.

Ife a ku Lilongwe nkhaniyi timaiona mopepuka chifukwa inatikomera. Mwana wa ku Mitundu ankapeza m'buku chilankhulo chomwe amayi ake amamutumira nacho kuchitsime. Wa ku Karonga, Rumphi kapena Mangochi ankayamba Sitandade 1 ndi zilankhulo ziwiri zachilendo nthawi imodzi, n'kumapikisana mayeso amodzi ndi wa ku Mitundu uja. Mnzanga wina wa kumpoto amene tinaphunzitsa limodzi ankati Chichewa anachidziwira pa chikwapu, ndipo ngakhale ankachilankhula bwino kuposa ine, chilonda chinalipobe.

Komabe tisanamizane: lero mu msika wa Tsoka kapena mu depoti ya mabasi, Myao, Mtumbuka, Mlomwe ndi Msena amanenerera mtengo m'Chichewa popanda womasulira, ndipo sukulu ndi wailesi ndizo zinafalitsa chimenechi. Chinatigwirizanitsa, koma mtengo wake analipira ndi ena. Zilankhulo zina zinayamba kubwerera pa MBC boma litasintha mu 1994, ndipo mu 1996 Chichewa Board inalowedwa m'malo ndi Centre for Language Studies, imene imaona zilankhulo zonse za m'dziko muno.

Ngati Chichewa chinali cha fuko, bwanji tinkapatsidwa chibalo tikachilankhula pasukulu?

Chifukwa khomo la ntchito linali, ndipo likadali, Chingerezi. Ukalephera Chingerezi pa mayeso a MSCE sulandira satifiketi, ngakhale utakhoza bwanji masamu ndi sayansi. Aphunzitsi ankadziwa zimenezi, n'chifukwa chake wogwidwa akulankhula Chichewa ankakatchetcha udzu kapena kukumba dzenje la zinyalala. Kamuzu yemweyo amene anakweza Chichewa anatsegula Kamuzu Academy ku Mtunthama mu 1981, kumene ana ankaphunzira Chilatini ndi Chigiriki kwa aphunzitsi achizungu. Uthenga unali womveka ngakhale kwa mwana.

Malamulo nawo akhala akusinthasintha. Mu 1996 Unduna unalamula kuti Sitandade 1 mpaka 4 aziphunzira m'chilankhulo cha kwawo, koma mabuku a zilankhulozo sanafike mokwanira. Lamulo la maphunziro la 2013 linati chophunzitsira chikhale Chingerezi. Lowani m'kalasi ya ana ang'onoang'ono ku Chinsapo kapena ku Kauma mumve nokha: mphunzitsi amanena chiganizo m'Chingerezi, n'kuchibwereza m'Chichewa, chifukwa akapanda kutero akulankhula ndi makoma.

Ndi chiyani kwenikweni chimene chinkasakaniza mitundu?

Ine ndimati sekondale zogonera komweko. Mwana akasankhidwa kupita ku Dedza, Blantyre Secondary, Mzuzu Government, Lilongwe Girls, kapena za mishoni zothandizidwa ndi boma monga Likuni Boys ndi Likuni Girls, ankanyamuka ndi sutikesi yake, nthawi zina koyamba kutuluka m'boma lake. Kumeneko ankagona moyandikana ndi munthu amene kwawo amalowola pamene iye kwawo n'kwachikamwini, n'kumadya limodzi mgaiwa ndi nyemba zofumbwa zomwezo. Palibe phunziro la Social Studies limene lingapose zaka zinayi zodandaulira limodzi ndiwo. Maukwati angati a mitundu yosiyana amene anayambira pa maubwenzi a kumeneko?

Kuno mumzinda kunawonjezeka china. Likulu la dziko litasamuka ku Zomba kubwera ku Lilongwe mu 1975, ogwira ntchito m'boma anabwera ndi mabanja awo kuchokera mbali zonse, n'kudzaza Area 18, Area 25, Kawale, Chilinde ndi Biwi. Kaundula wa kalasi imodzi ankakhala ndi a Phiri, a Gondwe, a Mwakasungula, a Jumbe ndi a Nyirenda. Ana amenewa anakula ndi Chichewa chawochawo cha m'tauni, chimene agogo a kumudzi amachimva ndi khutu limodzi.

Nanga kota inabwera bwanji ngati cholinga chinali umodzi?

Muzu wake ndi kusiyana kwa mishoni kuja. Kumpoto kunali anthu ochepa koma ophunzira ambiri, ndipo ankatenga malo ochuluka ku yunivesite ndi m'ntchito za boma. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980 boma linayamba kusankha ophunzira a ku yunivesite potengera boma lochokera (imeneyi ndiyo kota), ndipo mu 1989 aphunzitsi analamulidwa kukaphunzitsa m'zigawo za kwawo, powanamizira a kumpoto kuti ankaphunzitsa mwaulesi ana a zigawo zina. Sukulu za kuno zinataya aphunzitsi aluso, makamaka a masamu ndi sayansi, ndipo mabanja ena anagawikana. Khoti linakana kota mu 1993, boma la Bingu wa Mutharika linaibwezeretsa, ndipo inathetsedwanso mu 2020.

Ofuna kota ankati mwana wa ku Dedza kapena Machinga asalangidwe chifukwa cha mishoni imene inafika kwa agogo ake. Okana ankati mwana wokhoza asatsale chifukwa cha kumene anabadwira abambo ake. Onse anali ndi mfundo, koma ankakanganirana nsima yochepa: vuto lenileni linali kuchepa kwa malo. Chimene chinkandiwawa ine ndi fomu ija yofunsa mudzi, mfumu yaikulu ndi boma lochokera. Mwana wobadwira pa chipatala cha Bwaila, wokulira ku Area 23, wosadziwa ngakhale njira ya kumudzi, ankayenera kukafunsa kunyumba kuti alembe Rumphi kapena Thyolo. Zaka zisanu ndi zitatu tikumuuza kuti ndi Mmalawi, tsiku la fomu n'kumukumbutsa kuti ndi wakwinakwake.

Kodi pulayimale yaulere ya 1994 inathandiza kapena inawononga?

Funso ili ndi limene limautsa mapokoso pamaliro. Bakili Muluzi ndi chipani cha UDF atapambana chisankho cha Meyi 1994 anachotsa fizi m'sukulu za pulayimale, ndipo yunifolomu inaleka kukhala yokakamiza. Chiwerengero cha ophunzira chinalumpha kuchoka pa pafupifupi 1.9 miliyoni kufika pa pafupifupi 3 miliyoni m'chaka chimodzi. Ndimakumbukira m'mawa wa tsiku loyamba: bwalo lodzaza, ena ang'onoang'ono ogwiridwa dzanja, ena anyamata a ndevu zomera kale amene anasiya ng'ombe kudambo kudzayamba Sitandade 1. Zipinda zinalibe malo. Tinagawana mitengo, uyu pansi pa mango, uyu pansi pa kesha, bolodi n'kutsamiritsa pa thunthu. Mvula ikagwa, sukulu yaweruka.

Boma linalemba aphunzitsi pafupifupi 20,000, ambiri osadutsa ku koleji, n'kuwaphunzitsa masabata owerengeka. Anadzaphunzira bwino pambuyo pake kudzera mu ndondomeko ya MIITEP ali kale pantchito. Midadada yambiri inamangidwa ndi MASAF, makolo akuumba njerwa ndi kututa mchenga. Walira mvula walira matope: kalasi ya ana opitirira 100 inakhala chinthu chozolowereka, pamene mlingo wa boma ndi ana 60 kwa mphunzitsi mmodzi, ndipo ana ambiri ankafika Sitandade 4 osatha kuwerenga ndime.

Onena kuti maphunziro analowa pansi sakunama. Koma ndikawafunsa kuti ndi ana ati mwa miliyoni yowonjezekayo amene akanawabweza pakhomo, amayang'ana kumbali. Sukulu ya kale inkaumba Amalawi ochepa osankhika. Ya 1994 ndiyo inafika kwa mwana wa tenanti ndi wa mayi wogulitsa makala. Atsikana nawo anapindula: kuyambira mu 1993 amene watenga pathupi amaloledwa kubwerera ku sukulu akabereka, pamene kale ulendo unkathera pomwepo. Ndipo tisaiwale kuti anthu tinali pafupifupi 4 miliyoni pa kalembera wa 1966, n'kufika 17.5 miliyoni pa wa 2018. Ngakhale boma lakhama bwanji likanapuma wefuwefu.

Ma CDSS anachokera kuti?

Anali malo ophunzirira a MCDE, koleji ya boma yophunzitsa anthu ali kutali, aja ankatchedwa ma DEC, kumene osasankhidwa ankaphunzira ndi mabuku otumizidwa. Mu 1998 anasandutsidwa sekondale zoyendera za m'madera kuti alandire khamu lochokera ku pulayimale yaulere. Lero ana ambiri a sekondale za boma ali m'ma CDSS. Anafupikitsa mtunda, koma mwana amaphunzira ndi anzake a m'mudzi womwewo kuyambira Sitandade 1 mpaka Fomu 4, choncho kusakanizana kuja kwa kogonera sakulawa.

Kodi zimene ana amaphunzira za dziko lawo zimasintha boma likasintha?

Zimasintha, ngakhale silabasi imalembedwa ndi akatswiri a Malawi Institute of Education ku Domasi osati andale. Itatha 1994 ngodya zinayi zinatsika pakhoma, m'malo mwake munalowa ufulu wachibadwidwe ndi demokalase. Chilembwe analandira tsiku lake, 15 Januwale, ndi nkhope yake pa ndalama. Choseketsa chinali mbendera: mu 2010 inasinthidwa kukhala ya dzuwa loyera lathunthu, mu 2012 n'kubwerera ya dzuwa lofiira lotuluka. Mwana amene anajambula mbendera molondola ali Sitandade 3 anapezeka wolakwa ali Sitandade 4, n'kudzakhalanso wolondola ali Sitandade 6.

Mwana wovala hijabu kapena wa tsitsi lachirasta angakanizidwe sukulu ya boma?

Sayenera. Mu 2023 Khoti Lalikulu ku Zomba linagamula kuti ana achirasta alandiridwe m'sukulu za boma ndi tsitsi lawo. Za hijabu, mikangano inabuka makamaka m'sukulu za mipingo zothandizidwa ndi boma, ndipo atsogoleri a zipembedzo anagwirizana mu 2021 kuti atsikana achisilamu azivala, mtundu wake ukhale wogwirizana ndi yunifolomu. Nthawi ya Kamuzu umodzi unkatanthauza kufanana: tsitsi lometa, siketi yopitirira bondo. Tsopano tikuphunzira mwapang'onopang'ono kuti ana angaimbe nyimbo ya fuko imodzi mitu yawo ikuoneka mosiyana. Ena mwa ife akale zimativutabe, sindibisa.

Lero sukulu za pulaiveti zili paliponse. Kodi ya boma ikutigwirizanitsabe?

Apa ndipo pamandidetsa nkhawa kuposa nkhani ya zigawo. Kale mwana wa mlembi wamkulu wa ku Capital Hill ndi mwana wa mesenjala wake ankatha kukhala pa desiki imodzi, ndipo sukulu ikasowa choko bwanayo ankamva kwa mwana wake madzulo omwewo. Imani pamsewu m'mawa cha m'ma 6 koloko muone lero. Timabasi ta sukulu ndi magalimoto akutsitsa ana pa mageti a mipanda ku Area 47, Area 10 ndi Area 43, pamene khamu lina likuyenda wapansi ku Mtandire, Mgona ndi Chinsapo, kapu ya phala ili m'manja. Ngakhale mphunzitsi wa sukulu ya boma akapeza kangachepe amathamangitsira mwana wake ku pulaiveti, ndipo sindimuweruza, chifukwa akudziwa kuchuluka kwa kalasi yake.

Ana amagulu awiriwa sasiyana mtundu kapena chigawo. Mwina onse ndi a Banda. Koma wina akukula osatha kuwerenga Chichewa, makolo ake n'kumanyadira, wina akukula osatha kumanga chiganizo cha Chingerezi chimene mayeso akufuna. Malo amodzi amene ambiri amakumanabe ndi mayeso a MANEB, bungwe limene lakhala likulembetsa dziko lonse pepala limodzi, tsiku limodzi, kuyambira mu 1987. Koma a m'sukulu zodula kwambiri nawonso sakhalapo, amalemba a Cambridge.

Kodi zogwira khutu polembetsa Sitandade 1 zikadalipo?

Mwalamulo ayi. Msinkhu woyambira ndi zaka 6, ndipo ahedi amaona pa chiphaso cha kubadwa kapena buku la kusikelo. Kwa amene simunazione: kale zikalata zinali zosowa, ndiye mwana ankauzidwa kudutsitsa dzanja pamwamba pa mutu kuti agwire khutu la mbali inayo. Likafika walowa, likalephera abwerenso chaka chamawa. Ine ndinabwezedwa kamodzi, ndipo chaka chonsecho ndinkadzikoka mkono ndili kubusa.